Musamulire Gloria

Chawama, Lusaka
17 Novembala

Okondedwa achemwali anga a Magdalene,

Ndiyambe ndi kufunsa za moyo wanu kumeneko ku Mchinji. Kodi mwendo wa alamu uja unaphwa? Nanga mvula yagwa, mwadzala? Kuno tikudzuka tonse, ine, amake Cynthia ndi ana. Gloria ali moyo, akudya, akuyenda ndi miyendo yake. Mawu amenewa muwawerenge kawiri, chifukwa ndi amene andikhazika pansi kulemba kalata m'malo moimba foni. Pa foni ndikanangoti zonse zili bwino, mumandidziwa.

Zaka zisanu zapitazo munandipatsa mwana wanu kuti adzaphunzire ntchito ya tsitsi, ndipo munandiuza kuti poti ndine malume wake ndikhale maso. Ndinakhaladi maso pa anyamata a pamsika ndi a m'mabala. Kumene kunachokera tsoka sindinayang'aneko, ndipo ine ndemwe ndinalithandiza kulowa m'nyumba.

Atsikana a pasaluni pawo anagwidwa ndi matenda a mafilimu a ku Korea. Kasitomala ali pampando, tsitsi lalukidwa theka, onse maso pa foni, akulirira anthu amene chilankhulo chawo sachimva n'komwe. Ndinkamuseka Gloria kuti pa maliro a agogo ake sanalire chonchi.

Matenda omwewo anamugwiranso Moven, amene amajambula mavidiyo a oimba kuno kwathu. Kale ankajambula zimene timadziwa zija: galimoto yobwereka, atsikana ovina, woimba akuloza kamera ndi zala. Mu Seputembala anabwera pamene ndimapalira matabwa, n'kundiuza kuti zimenezo zinatha. Anati, "Ba uncle, manje bantu bafuna nkhani monga ya ku Korea. Mvula, ambulera, bantu sibakamba vambiri, pa last wina afunika kufa." Ankafuna Gloria akhale mtsikana wa m'nyimbo ya woimba wina dzina lake Kalumba.

Nditamva kuti mulibe kuvina, mulibe zovala zazifupi, ndinavomera nthawi yomweyo. Kangwa, mnyamata uja anatumiza mbale za chitomero cha Gloria mu Juni, anavomeranso. Ndinadziona ngati malume wochenjera.

Mukanaona kujambula kwake mukanaseka. Kunja kukutentha kwa Okutobala, mipopi itauma, iwo akuthira mvula ya paipi kuchokera pa denga, amayi a pamzere wa madzi akuwatukwana. Gloria anaima ndi ambulera yachikasu osanena kanthu. Kenako anamukweza minibasi kuti aziyang'ana pa windo, akutsokomolera m'kampango. Moven ankangokuwa kuti pang'onopang'ono, usamwetulire.

Tsopano ndifike pa mlandu wanga. Moven anandionetsa pa foni mmene amachitira maliro m'mafilimu amenewo: chithunzi cha malemu chili mu felemu yakuda, tinsalu tiwiri takuda titapingasa pamwamba, maluwa oyera pansi. Anafunsa ngati ndingathe kupanga felemu yotero. Achemwali, mmisiri mukamufunsa ngati angathe, nzeru zimamuthawa. Ndinatenga mtengo wabwino wa mukwa umene ndinkasungira tebulo, ndinaupala, ndinaupaka mpaka kuwala. Chithunzi ndinasankha ndekha, chija Gloria anajambulitsa atavala chitenje chimene apongozi ake, amake mnyamata uja amene timawatcha bana Kangwa, anamutumizira kuchokera ku Kitwe.

Tsiku lojambula maliro anandandalika mipando pakhomo pathu penipeni. Ataona kuti pakusowa munthu wa imvi, anandipempha ndikhale pambali pa chithunzicho. Ndinavala jekete langa la kutchalitchi, ndinakhala, ndinazolika. Amake Cynthia anakana kutuluka m'nyumba, anati zimenezi ndi malodza. Ndinawayankha kuti ndi sewero chabe, asakhale otsalira.

Patapita milungu iwiri, Moven anatulutsa chithunzi chimodzi chokha chokopera anthu nyimbo isanatuluke: felemu ija, maluwa, ndi ine nditazolika pakhomo panga. Sanalembepo mawu, anangoika tsiku. Akuti a ku Korea amatero, amafuna anthu azidzifunsa. Anthu sanadzifunse. Wina analembapo kuti mzimu wake uuse mumtendere, ndipo pofika madzulo chinali chitalowa m'foni ya bana Kangwa.

Anaimbira mwana wawo, koma Kangwa anali pa ulendo ndi lole cha kumalire, foni osagwira. Anaimbira ine, yanga inali itazima, poti magetsi anali atapita kuyambira dzulo lake. Mayi uja sanadikire. Anamanga kathumba ka ufa, anakwera basi.

Loweruka m'mawa ndinamva kulira kukuchokera pa kona ya pampopi, monga amayambira munthu akamayandikira nyumba ya maliro. Amayi oyandikana nafe anatuluka akumanga zitenje, ena anayamba kulira nawo asanafunse kuti wafa ndani. Bana Kangwa analowa pa geti akuitana dzina la Gloria. Ndipo Gloria anatulukira kuseri kwa nyumba ndi beseni la mbale.

Bana Kangwa anakhala pansi pa fumbi. Sanakomoke, sanakuwe. Tinawapatsa madzi, anakana. Tinati alowe m'nyumba, anakana. Nditayamba kufotokoza za Korea, anandidula mawu. Anati zikanakhala za ana okhaokha sakanakhulupirira, koma anaona ine, munthu wa imvi, nditazolika pakhomo panga. Anati analira njira yonse kuchokera ku Kitwe, ndipo amayi a m'basi anawagwira manja n'kuwaimbira nyimbo za maliro. Kenako anati, "Uyu mwana namulila kale. Ningavine bwanji pa ukwati wake?" Anasiya ufa uja pa geti n'kubwerera tsiku lomwelo.

Mlungu wotsatira nkhoswe yawo inabwera kudzatiuza kuti ukwati wa mu Disembala wayamba waima. Amayi amene ankabwera kudzamulangiza Gloria analeka kubwera. Diresi lili kwa telala, lasokedwa theka, ndipo telalayo akandiona panjira amayang'ana kumbali.

Musaganize kuti ndangokhala. Nyimbo ija itatuluka, ndinapita kwa Moven kuti achotse zonse. Anapepesa ndithu, koma anati ngakhale afufute kwake, vidiyoyo ili kale m'mafoni a anthu mu Lusaka monse, kuyambira ku Kanyama mpaka ku Chainda, ndipo oimba ena atatu akufuna awajambulire yofanana. Nyimboyo ikulira m'minibasi iliyonse, m'malo ometera, ngakhale pa okazinga tchipisi. Ndinapita kwa abusa, anabwera, anapemphera, anaimbiranso foni ku Kitwe. Bana Kangwa anayankha kuti pemphero alilandira, koma misozi siibwerera m'maso. Felemu ija ndinaiwaza ndi nkhwangwa n'kuitentha. Inayaka bwino, ndipo palibe chimene chinasintha.

Kangwa amabwera Lamulungu lililonse, amaima pa geti. Amamukonda Gloria, zimenezo ndikuziona. Koma ndi mwana yekhayo wa mayi wamasiye, ndipo akuti sangalowetse mkazi m'nyumba amayi ake atafulatira. Ndinafuna kumukalipira kuti ndi wamantha, koma ndinakumbukira amene anazolika pa chithunzi chija, ndinatseka pakamwa.

Gloria analeka kupita ku saluni. Akamadutsa pamsika anthu amamuitana kuti malemu, ena amafuna kujambulitsa naye. Makasitomala ena achikulire anakana kuti awagwire m'mutu. Gloria sanandinenepo mawu oipa ngakhale amodzi. Amandipatsa madzi osamba, amandigwadira monga kale. Bola akanandilalatira, mwina ndikanagona tulo. Ambulera yachikasu ija anawapatsa ana kuti aziseweretsa.

Lachitatu lapitali ndinakwera basi kupita ku Kitwe ndekha. Bana Kangwa anandipatsa mpando panja, anandipatsa moni bwinobwino, koma nkhani anakana kuiyamba. Anati ndi ine alibe mawu. Ngati pali woti alankhule naye, ndi mayi amene anamubereka mwanayo, amene angamvetse chimene chimachitika m'mimba mwa mayi akamva uthenga wotero. Sanalonjeze kuti asintha maganizo. Ndinawafunsa kawiri, sanalonjeze.

N'chifukwa chake ndikukugwadirani, achemwali. Ndikudziwa kuti ndi nthawi yodzala, ndikudziwa kuti alamu sayenda bwino. Koma ine zanga zatha. Ndine malume wa dzina lokha, wotha kukhoma mipando ya ukwati koma wosatha kukhazikapo anthu. Bwerani, ngakhale masiku atatu. Mukafika mundinene mmene mungafunire, ndidzakhala chete, kenako tikwere basi ya ku Kitwe. Ngati mayi uja akanabe, mwana wanu adzakhala ndi pobisa nkhope, chifukwa ine amandichitira manyazi kulira pamaso panga.

Kalatayi ndampatsira Mussa, amene amabwera kumeneko kudzagula mtedza, ndipo ndamuuza kuti asaime paliponse asanaifikitse m'manja mwanu. Ndikuthamangitsana ndi chithunzi chija. Chikuyenda msanga kuposa basi, ndipo sindikudziwa ngati sichinafike kale. Tsiku lina mwana wa pafupi nanu adzabwera ndi foni, adzakuonetsani Gloria mu felemu yakuda, ine nditazolika pambali pake.

Mukadzachiona, chonde musalire, ngakhale pang'ono, ngakhale mobisa kuseri kwa nkhokwe. Mayi mmodzi anamulira kale ndipo ukwati wake waima. Mukamuliranso inu amene munamubereka, sindikudziwa chimene chidzamutsalire.

Mundiperekere moni kwa alamu, kwa Chabwera ndi mkazi wake, ndi onse a pamudzi. Nkhaniyi muwauze ndinu asanaione okha. Mulungu akusungeni, ndipo akupatseni mtima wondiyang'ana kumaso mukadzatsika basi.

Ndine mlongo wanu wolakwa,
Obed