Maliro Oyamba a Amayi

Chezi, Dowa
19 Meyi 2024

Okondedwa alongo anga a Lines,

Ndalemba kalata ngati munthu wa nthawi ya atsamunda chifukwa foni mukumaidula ndisanamalize moni. Pepala mungathe kuling'amba, koma ndimakudziwani, muyamba mwaliwerenga kaye. Kuno tilipo. Amayi ali moyo, ndibwerezenso, ali moyo, moti pamene ndikulemba pano akukalipira nkhuku. Fodya ali m'zigafa, mtedza tikukumba, ndipo mphepo ya kumapiri a Ntchisi yayamba kale kutilowa m'mafupa.

Mwalamula kuti achimwene Alexio atuluke m'nyumba yanu mwezi uno usanathe. Nyumba ndi yanu, malo ndi a mbumba, ife amuna pamudzi pano ndife alendo ochedwa kutsanzika, sindikutsutsa. Ndikudziwanso kuti uthenga wa "pepani, amayi atisiya" unakupezani muli pantchito kuchipatala ku Manchester, mpaka munalira pamaso pa azungu maliro amene kunalibe. Koma nkhaniyi mwaimva kwa amalume a Vinsenti, amene nkhani ikalowa m'kamwa mwawo ili maliseche imatuluka itavala jekete. Imvaninso yanga.

Mukukumbukira kuti achimwene anawachotsa m'kwaya ali mnyamata chifukwa pa Aleluya ankadzera njira yawoyawo, anzawo n'kumakawapeza kutsogolo. Anapita ku Lilongwe kukaimba m'mahotela, kenako Bulawayo, Joni, mpaka ku Berlin. Kumeneko matenda aja anakawapezera dzina, akuti jazi yomasuka: nyimbo yopanda poyambira, yopanda kolasi, yoti woimba mnzako ukakumana naye pakati ndiye kuti ndi ngozi. Amatha kuliza chilichonse, sakisofoni, chitoliro, kaligo, bangwe, ng'oma, ngakhale paipi ya madzi. Ine ndi digiri yangayi ndinamvetsera chimbale chawo china mpaka kumapeto, ndinangomva ngati atsekera mbuzi, njinga ndi mlaliki m'chigafa chimodzi. Koma anthu kumeneko ankadzaza maholo, n'kumagwedeza mitu ngati akumva Uthenga Wabwino.

Iwo amati anabwera kudzapuma. Munthu wopuma sindinamuonepo wotere. Kukacha ali paphiri, masana ali pamsewu wa ku Nachisaka, akakhala pampando mwendo umangovina wokha. Zala za dzanja lamanzere zayamba kuuma, amazibisa m'thumba, ndipo foni yawo ya ku Berlin ija sindinaimvepo ikuitana. Zimenezi musawauze kuti ndanena.

Palinso china chimene sitinakuuzeni. Makutu a amayi anatseka chaka chatha. Mukaimba foni ndimakhala pambali n'kumawakodola nthawi yoyankha, n'chifukwa chake chilichonse mukafunsa amangoti "tithokoze Mulungu". Mundikalipire pambuyo, pamzere pali anthu.

Achimwene atafika anakhazika amayi pamkeka, n'kutulutsa sakisofoni, kuti mayi wawo amve chimene chinawatengera mwana zaka zonsezi. Analiza mpaka agalu a kutsidya anayankha. Amayi anawayang'ana nthawi yaitali, kenako anati, "Iwe Alexio, ukungotupa masaya ngati chule, bwanji osaliza?" Anayesa chitoliro, chimodzimodzi. Kaligo, amayi anati akucheka chiyani. Ng'oma ankaimva pang'ono m'chifuwa, koma anati imeneyo ndi mtima wawo ukuvuta, tiwapatse mankhwala. Ine ndinkaseka, sindikana. Achimwene sankaseka.

Ndiye Lamulungu lina tikupita kutchalitchi, akatekisiti anamenya limu ya tayala la lole ija imene timaitcha belu. Amayi anaima panjira n'kutembenuka. "Icho ndachimva," anatero. Ndinaona nkhope ya achimwene ikuwala, ndipo ngati yunivesite ikanandiphunzitsa kanthu ndikanawamangirira pamtengo tsiku lomwelo.

Mkati mwa sabata, ine ndili kusukulu kuphunzitsa ana a eni zolemba chimangirizo, iwo anakabwereka limu ija kwa akazi a akatekisiti, akuti akaichotse dzimbiri. Anaigubuduza mpaka kunyumba, n'kuipachika pamtengo wa mango, amayi n'kuwakhazika pafupi. Anagwirizana kuti akamenya, amayi akweze dzanja, mpaka kulira kwa chitsulo kutheretu m'mutu mwawo. Akatsitsa dzanja, amenyenso. Ndiye kunali ngoo, kenako zii, kenako ngoo.

Alongo, inu mukudziwa, ine ndikudziwa, ngakhale mwana wa mkaka m'Dowa muno akudziwa kuti belu lolira kamodzikamodzi, mopumira, limanena chinthu chimodzi basi. Munthu yekhayo amene anaiwala m'boma lonse ndi amene anaimbapo m'mizinda ya azungu.

Anthu anataya makasu m'minda, poti maliro akagwa salima. Osankha fodya anasiya masamba pansi. Kulira kunkachokera kwathu, ndipo kwathu wamkulu ndani? Panalibe wofunsa. Anyamata anayala masamba pamsewu, adzukulu anatenga zokumbira, wina wachifundo chambiri n'kukutumizirani uthenga uja. Ine nditatsika kabaza n'kuona masamba pa njira yolowera kwathu, ndinathamanga ndikuitana amayi. Pamenepo sindiseka ayi.

Ndinafika limodzi ndi amayi a mphakati, nsalu m'chiuno, akulira kuti "Mayi Maria ine, mwatisiya ndi yani!" Tinapeza malemuwo ali pamkeka, dzanja lili m'mwamba, akumwetulira. Achimwene poona khamu anayesa kuti mudzi wazindikira luso tsopano. Anasiya nyundo, n'kutenga sakisofoni, n'kuyamba kuyankha kulira kwa azimayiwo. Kunena zoona, kwa kanthawi kochepa zinkagwirizana kuposa chimbale chija.

"Wamwalira ndani?" amayi anafunsa.

Mayi wina anawerama n'kuwakuwira m'khutu, akudziloza pachifuwa n'kuwalozanso iwo mpaka anamvetsa. "Inuyo, mayi!"

"Ine?" Anayang'ana bwalo lonse, mmodzimmodzi. "Nanga bwanji mwabwera ochepa chonchi?"

Ena anaseka, koma amalume a Vinsenti anafika akuloza achimwene chala. "Mphwanga, waitana imfa pakhomo pa mlongo wanga. Awa ndi malodza. Kwanu kwa azunguko maliro mumaseweretsa?"

"Malume, ndimangofuna andimveko kamodzi," achimwene anatero. "Anthu osandidziwa andimva moyo wanga wonse."

"Akumva! Dowa yense wakumva, mpaka ku Dzoole!"

Adzukulu anati zokumbira zikatuluka sizibwerera ndi njala, choncho mbuzi yathu ya mawanga inafa m'malo mwa amayi. Limu inabwerera kutchalitchi, pano anaimanga ndi tcheni ngati wakuba. Akatekisiti analalikira za anthu ophunzira kwambiri, akuyang'ana ine, ngati ndinagubuduza nawo.

Sindikupempha kuti muwakhululukire lero. Misozi imene munakhetsa inali yeniyeni, ndipo anthu ena kuno akadali kuyang'ana amayi ngati munthu amene dzina lake laitanidwa kale. Ndikungoti munthuyu alibe kopita. Akumandifunsa za maminibasi a ku Lilongwe, ndikawafunsa kuti akafika kumeneko alowera kuti, amayamba kuimba mluzu. Ine ndemwe tulo sindikuliona bwino, ndikumalowa m'kalasi n'kuiwala chimene ndalowera.

Landirani moni kuchokera kwa alamu anu ndi ana. Amalume akupereka moni, akuti muumirire pomwepo. Achimwene sanapereke, akuti alibe nkhope yoperekera moni. Amayi akuti ndikuuzeni kuti pa maliro awo oyamba simunabwere, sanakwiye, koma achiwiri musadzangoimba foni.

Dzulo achimwene anatulutsa bokosi la sakisofoni n'kuliika pakhonde kuti lero alawire. Amayi akhalapo kuyambira m'mawa, akuthothola mtedza pomwepo. Akuti mpando umenewu ukuwakomera msana. Amalume anayesa kuwasuntha, anauzidwa mawu amene sindingalembe m'kalata ya Mkhristu. Ine sindiyesa n'komwe. Ngati lamulo lanu lija lidakalipo, alongo, bwerani mudzawadzutse nokha.

Ndine mlongo wanu wosagona,
Andireya