Ndinakamuuza Dzina Lake ku Zomba

Amayi,

Kumene muliko mukudzuka bwanji? Miyendo ija inasiya kutupa? Ndikudziwa kuti kumeneko kulibe matenda, koma pakamwa panazolowera kufunsa. Ife kuno ku Nselema tilipo, Mulungu akutisunga.

Ndiyambe ndi zapakhomo, chifukwa mukanakhala pano simukanandilola kukamba zakutali musanamve za mbuzi. Yamawanga ija inaswa ana awiri, mmodzi anafa ndi chitopa cha mbuzi chimene chinadutsa m'mudzi muno, winayo ali bwino ndipo ndi wakuba ngati mayi wake. Chimanga sichinachite bwino, mvula inadula ngaiyaye zitangotuluka. Nandolo ndiye watipulumutsa. Achimwene a Saidi akadali ku Nayuchi ndi geni yawo ya zitenje, ndipo mpunga umene analima kudambo la ku Chiuta anatigawirako. Akazi awo anachira m'mwezi wa Ramazani, mwana wamkazi, amutcha dzina lanu. Ndikamamuitana lilime limalemera. Hawa wanga, amene anakwatiwa ku Zomba uja, ali ndi pakati. Ndi poyamba, ndiye tulo sindikugona bwino. Sitinauze anthu, inunso musauze munthu.

Denga la khichini likudonthabe pomwe paja munkanena. Ndinaikapo beseni, ndipo ndimadzuka kukaliona ngati ladzaza ngakhale mvula isakugwa. Munkandiseka kuti, "Iwe Patuma, ukatseka chitseko umabwereranso kukachifunsa ngati chatsekeka." Sindinasinthe, amayi.

Tsopano nkhani imene ndakhalira pansi kulemba. Ndinapita ku Zomba. Ntchito imene munandisiyira ija ndinakaigwira, ndipo ndikufuna ndikufotokozereni mmene zinayendera, mudziweruzire nokha ngati ndinaigwira bwino.

Mukukumbuka, anali masiku anu omaliza, ndikukupukutani kumsana ndi madzi ofunda. Munandiuza kuti a Saidi si oyamba kubadwa. Munali mtsikana, mukugwira ntchito yochapa ndi kusita kunyumba ya mzungu wina wa boma ku Zomba, bambo atapita ku Joni kukusiyani muli ndi pakati. Mwanayo anabadwira m'boyizikota, kanyumba ka antchito kaja, wamwamuna, analira kamodzi basi. Akazi a khukhi ndi a wosamalira maluwa anamukulunga m'nsalu, nakamuika pansungwi kutsidya kwa mtsinje, dzenje losazama, popanda amuna, popanda maliro, monga amachitira ndi nthayo. Inu anakuletsani kulira. Anati mukalira mimba itsekeka, simudzaberekanso. Munameza misozi, ndipo musanachire bwino munabwerera pa simbi yamakala kusita malaya a bwana. Dzina munali mutamukonzera kale, Yusufu, koma simunalitchule kwa munthu aliyense, ngakhale kwa bambo. Munandigwira dzanja nkunena kuti, "Ukadzapita ku Zomba ukamuuze dzina lake. Akungogona pamenepo osadziwa kuti iye ndi ndani."

Ndinakufunsani zizindikiro za nyumbayo mobwerezabwereza mpaka munatopa nane. Khichini yapayokha yokhala ndi chumuni chachitali. Masitepe amiyala otsikira kumtsinje. Mwala waukulu wochapirapo, wong'aluka pakati. Nsungwi kutsidya. Kuchokera tsiku limenelo ndakhala ndikuzinena mumtima m'mawa uliwonse ngati sura ya m'Kurani, kuopa kuti chimodzi chingandithawe.

Nditamuuza Hawa, anati kumtunda kuli nyumba zakalezo munthu sangamangoyendako yekha nkumasuzumira m'mipanda, kuli alonda ndi agalu. Koma anati kuli bambo wina, a Matewere, amene Loweruka amayendetsa alendo wapansi kuwaonetsa malo akale a mzindawo, ndipo alonda onse amawadziwa. Anakalankhula nawo kuti ifenso tikhale m'gululo. Ndinanyamuka Lachisanu, minibasi mpaka ku Liwonde, ina mpaka ku Zomba, njira yonse ndikunong'ona za chumuni ndi masitepe. Mayi amene ndinakhala naye pampando ankaganiza kuti ndikupemphera.

Tinakumana pafupi ndi msika m'mawa. Panali azungu angapo a zipewa zikuluzikulu ndi mabotolo a madzi, banja lina lochokera ku Lilongwe, ndi ife awiri. A Matewere ndi munthu wamtali, wa imvi pang'ono, wansangala. Atayang'ana kumapazi kwanga anati, "Mayi a ku Nselema, nsapato zapulasitikizi zikafika kuphiri?" Ine ndinati, "Bambo, zimenezi zinafika ku Chiuta nkubwerako, kaphiri kanuka nkachiyani." Anaseka mpaka kugwira m'mimba, nkuwamasulira azungu aja, nawonso anaseka. Mtima unakhalako pansi pang'ono.

Anayamba kutionetsa masitolo akale a amwenye, a makonde a zipilala, ndi mzikiti wakale. Amati akalankhula Chingerezi, nkutembenukira kwa ine kundiuza m'Chichewa, osandisiya kumbuyo. Kenaka tinayamba kukwera. Msewu wake ndi wa mitengo ikuluikulu, mthunzi wokhawokha, anyani akudumpha pamadenga osaopa munthu. Tinaona nyumba imene akuluakulu ankapangiramo malamulo mzindawu uli likulu la dziko. Tinaona nyumba za mabwana, za njerwa zofiira, makonde ozungulira, zina zasanduka maofesi, zina mawindo anasweka ndipo udzu wamera m'masitepe. Pa nyumba iliyonse a Matewere amaima pageti nkufotokoza kuti munkakhala ndani, ankagwira ntchito yanji, gareta lake linkaima pati, alendo ake ankamwera tiyi mbali iti ya khonde.

Ine, amayi, zonsezo zimangondidutsa. Maso anali pa nyumba. Iliyonse ndimaiyang'ana kuyambira pageti mpaka padenga, ndikufananiza ndi mawu anu. Ndimaona makonde, zitseko zikuluzikulu, maluwa, mbendera. Khichini yapayokha sindinaione. Mtsinje ndimangoumva kulira penapake, osauona. Dzuwa limakwera, nyumba zimatha. Hawa amangondifunsa chapansipansi kuti, "Ndi imeneyi?" Ine nkumapukusa mutu.

Ndinalimba mtima nkuwakokera pambali a Matewere. Ndinati ndikufuna nyumba ya chumuni chachitali. Iwo anati, "Mayi, kuno kumazizira, zonsezi zili ndi chumuni. Bwana wake anali ndani?" Apo ndiye ndinazindikira kuti dzina lake lenileni simunandiuze, mwina inunso simunkalidziwa. Ndinanena lomwe munkamutcha kuseri lija, Bwana Kamphuno. Anayesa kudzigwira koma kuseka kunawapulumuka. Anati, "Pepani mayi, ameneyo m'mabuku mwanga mulibe. Komanso onsewo anali a mphuno." Sananene mwachipongwe, iyayi, koma ine misozi inali pafupi. Ndinayamba kuganiza kuti nyumbayo anaigwetsa kalekale, kapena kuti matenda anali atakusokonezani mutu. Mundikhululukire, ndinaganizadi zimenezo.

Titafika nyumba za kumapeto, azana yoitanira swala ya masana, ya Zuhuri, inamveka kuchokera kumunsi kutauni. Ndinati ngakhale zalephereka, swala isandidutse. Ndinafunsa kumene ndingapeze madzi otawazira. A Matewere analankhula ndi mlonda wa nyumba imene tinaimapo, imene pano ndi ofesi. Mlondayo anati mpopi unauma, koma nditsate kanjira ka m'mbali mwa mpanda, kuseri kuli mtsinje. Hawa anafuna kundiperekeza. Sindikudziwa chimene chinandiuza, koma ndinati, "Iwe khala pamthunzi pompano, usanditsate."

Kanjirako nkakang'ono, koterera, ka munthu mmodzi. Nditangokhota pangodya ya nyumba, ndinaima chilili. Khichini yapayokha inali poteropo, denga linagwa, koma chumuni chili chiimire, chachitali kuposa mtengo wa mapeyala umene uli pambali pake. Kutsogolo kwake masitepe amiyala, omera ndere, akutsikira kumadzi. Pansi pake mwala uja, amayi, wong'aluka pakati monga munanenera.

Ndinakhala pansi pamasitepe pomwepo. Ndipamene ndinamvetsa kulakwitsa kwanga. Inu pakhomo lakutsogolo simunalowerepo ndi tsiku limodzi lomwe. Munkabwera ndi kanjira aka, nkumachoka ndi kanjira komweka. Zonse zimene munandiuza zinali za kuseri, chifukwa Zomba wanu anali wa kuseri. Ine m'mawa wonse ndinali ndikuyang'ana nkhope za nyumba, pamene inu munkangodziwa misana yake.

Boyizikota inatsala simenti yapansi yokha, ndipo wina anabzalapo maungu amene ayanga ponseponse. Ndinaima pamenepo kanthawi, poti ndi pamene anabadwira. Kenaka ndinatawaza nditaponda pamwala wanu. Madzi ake ndi ozizira mpaka m'mafupa, ndipo ndinaganiza za manja anu akuchapa mabulangete mmenemo m'mwezi wa chisanu, mabere akutuluka mkaka wopanda woyamwa. Ndinayala chitenje nkuswali, nkuwoloka.

Apa ndiye pali chimene chikundivutabe. Nsungwi zija zinachuluka, zinatenga gombe lonse, ndipo mbali ina anthu anazidula nkulimapo dimba la mpiru. Malo enieni sindinawadziwe. Panalibe mwala, panalibe kachulu, masamba ouma okhaokha. Ndinasowanso poyambira, kaya ndimulankhule ngati khanda kaya ngati wamkulu. Ndinaona kuti ngakhale sanakhale ndi tsiku limodzi, anabadwa ine ndisanabadwe. Ndiye ndinagwada nkunena kuti, "Achimwene, ndine Patuma, mlongo wanu, ndachokera ku Nselema. Andituma amayi. Akuti dzina lanu ndinu Yusufu. Akuti sanakuiwaleni, anangowaletsa kulira."

Poopa kuti mwina ndanenera pamalo polakwika, ndinasuntha nkukanenanso pa tsinde lina la nsungwi, nkupitanso pa lina, mpaka gombe lonse ndinalimaliza. Ndinalowanso m'dimba la eni ake lija, ndikuponda mosamala pakati pa mizere, nkunenanso momwemo. Mukanandiona mukanati Patuma wayambanso kufunsa chitseko.

Nditamaliza ndinalira, amayi. Sindinakonzekere, zinangobwera. Poyamba ndinadzigwira pakamwa ndi mpango, mantha a mawu a azimayi aja atandigwira ngati anauza ine. Kenaka ndinakumbuka kuti ine zobereka ndinamaliza kalekale, palibe chimene chingatsekeke, ndipo Hawa ali kutali kutsogolo kwa nyumba, sakumva. Ndinachotsa mpango uja nkulira mokweza, mmene timalirira maliro a munthu wamkulu. Ndinalira maliro amene munawasunga m'mimba moyo wanu wonse kuti ine ndi a Saidi tibadwe.

A Matewere anabwera kudzandifuna poona kuti ndachedwa. Anaima pamwamba pa masitepe, navula chipewa. Sanandifunse kanthu. Anangoti, "Musafulumire mayi, alendo akujambula anyani." Anabwerera, ndipo nditatuluka ndinapeza gulu lonse likundidikira mwakachetechete. Hawa anandiyang'ana m'maso, ine ndinagwedeza mutu, basi. Potsika phiri anandigwira mkono ngati wodwala ndine.

A Saidi ndinawauza nditabwerako, atabwera kudzationa. Iwo anati, "Ndiye kuti ine ndakhala ndikudya mutu wa nkhuku wa eni ake, poyesa kuti woyamba kubadwa ndine." Tinaseka, koma anatuluka panja msangamsanga, ndipo ndinawamva akumina kuseri kwa nkhokwe. Tagwirizana kuti tikamachita sadaka yanu tikatha kukolola nandolo, a shehe akatchule mayina awiri, lanu ndi la Yusufu, anthu onse akumva. Zimenezo ndikulonjeza, ndipo mpunga wake ndaupatula kale, uli m'chigubu chotseka bwino kuopa anankafumbwe.

Chotsala ndi chimodzi, ndipo chimenecho ine sindingachidziwe ndili kuno. Sindikudziwa ngati anamva. Mtsinje uja umasokosera, ndipo mwina pamene anagona mpamene madzi anakokolola kale. Inu ndi amene muli naye pafupi. Mukamuona mwana wamwamuna ali yekha, muitaneni kuti Yusufu. Akatembenuka, mudziwe kuti ndinafika.

Ndine mwana wanu wokukondani, amene amakusowani m'mawa uliwonse,

Patuma