Foni Munatumiza Ija

14 Febuluwale 2000

Okondedwa achimwene,

Ndikhulupirira muli bwino kumeneko, ngakhale mwatikwiyira. Ife tilipo, kungoti bambo miyendo yatupa ndipo chakudya akungochilawa.

Foni ya m'manja munatumiza ija inafika, anthu a mumzere wathu wonse n'kubwera kudzaiona ngati khanda. Tsiku munaimba lija ndinawapatsira bambo ndikumwetulira, iwo n'kumvetsera mawu anu, kenako n'kunena kuti, "Mwalakwitsa nambala, kuno tilibe mwana wotero." Kuchokera pamenepo simunaimbenso. Sindikukudzudzulani, nanenso zikanandiwawa.

Koma achimwene, mwaiwala ntchito ya bambo? Moyo wawo wonse anathera ku positi ofesi akulumikiza mafoni ndi zingwe zija, pambali pawo patakhala munthu wa boma womvetsera aliyense wotchula dzina la wothawa. Inu mutathawa m'dziko muno, iwo anaphunzira kukukanani kuti mukhale ndi moyo. Tsiku munaimba lija, atangodula foni anandikokera kuchipinda, amvekere, "Mawu akewo ngati ali ndi chimfine. Akudya koma? Umuuze asaimbenso, amupeza."

Ndawauza kuti boma lija linagwa kalekale, anthu akutukwana nduna pa wailesi dzuwa likuswa mtengo. Ndapita nawo ku positi, aona okha kuti m'chipinda chawo chija mwadzaza makompyuta. Iwo akuti foni yopanda chingwe ndiye yoopsa kwambiri, poti womvetserayo sumuona. Anaikulunga m'sokosi n'kuitsekera m'sutikesi, ine ndachita kuiba, ndikuyenda nayo m'thumba. Adokotala akuti mutu wa bambo sudzabwereranso m'malo, mtima nawo watopa. Ndatopa nanenso, achimwene, ndipo ndilibe chomwe ndikuyembekezera.

Sindikupemphani kuti mubwere. Ndikudziwa za ntchito ndi ana, ndipo mwina pofika mudzangopeza mpando wawo. Ndikungopempha kuti muimbenso. Adzakukananinso, zimenezo musakayike. Koma inu muzingoyankhula osaima, chifukwa ndinawaona, anayamba amvetsera kaye asanadule.

Moni kwa alamu ndi ana amene bambo sanawaonepo. Iwowo ndawafunsa ngati ndikupatsireni moni wawo. Ayang'ana kukhomo, ayang'ana pawindo, n'kunong'ona kuti, "Usalembe dzina langa. Adziwa yekha."

Ndine mlongo wanu,
Mzime wa bambo