Penti Wofiira pa Filimu

14 Meyi 2019

Okondedwa Achimwene,

Ndikhulupirira muli bwino kumeneko, ngakhale kalata yanu yomaliza inatha ndisanakhale n'komwe pansi. Kuno tilipo.

Mukudziwa kuti ndatha zaka zisanu ndi ziwiri m'chipinda chosungira mafilimu akale, chonunkha viniga chija, kupulumutsa filimu yoyamba imene dziko lino linajambula lokha. Mpukutu wake unatsala umodzi, ndipo pakati pake pakusowa masekondi makumi anayi. Wina anadula ndi sizasi. Munthuyo ndinamulemba m'buku langa, masamba atatu athunthu. Ndinamutcha mbuli, chigawenga, mdani wa mbiri ya dziko. Maprofesa anaomba m'manja.

Sabata yatha ndinayang'ana polumikizapo ndi galasi lokulitsa zinthu. Achimwene, anamata ndi penti wofiira wa zikhadabo. Ndiuzeni, ndani wina ankamata filimu choncho, kenako n'kupemerera katatu ngati akuziziritsa tiyi wa mwana? Pomwepo ndinakumbukira. Ndinaona kachipinda ka makina kaja pamwamba pa holo ya kanema, fumbi likuvina m'kuwala, ife awiri titakhalira zitini za mafilimu, abambo atavula shati chifukwa cha kutentha kwa nyali, anthu m'munsimo akuimba malikhweru filimu ikaduka. Mbuli ija ndi abambo athu. Sukulu yonseyi ndinapitira kukaphunzira kutukwana wondibala m'Chingerezi chabwino.

Ndinapita kwa amayi nditakonzeka kukalipa. Anaseka mpaka kutsokomola. Akuti tsiku lojambulalo ankadutsa pamsewu ndi ambulera, akali mtsikana, wojambula n'kuwapempha kuti adutsenso kachiwiri. Abambo anawaona pa nsalu yoyera yoonetserapo kanema ija milungu iwiri, kenako anadula kachidutswako n'kumayenda nako m'thumba la shati, kufunsa m'masitolo, mpaka anawapeza eni ake nkhopeyo.

"Akanapanda kudula, iwe wolemba mabukuwe ukanachokera kuti?" anandifunsa. "Komatu ine sindinadzionepo ndikuyenda. Bambo ako ankakana, amati akakabwezera m'makina kapsa."

Tsono nkhani ndi iyi. M'chitini chabuluu chija munanyamula pamaliro a abambo, muli ndi nkhope yoti ndinu woyamba kubadwa, muli kachidutswako, kokulungidwa m'kampango. Musakatambasule, musakapukute, zala zanuzo ndimazidziwa. Tumizani chitini chonsecho. Filimuyi tikuionetsa mwezi wamawa, ndipo ndidzaimirira pamaso pa maprofesa omwe aja kumeza masamba atatu aja limodzi ndi limodzi. Musaseke.

Moni kwa alamu anga ndi ana onse. Amayi akupereka moni, akuti muzivala juzi. Anandiletsa kukuuzani, koma ine ndi liti ndinamverapo: diso lamanzere lija latsekeratu, ndipo adokotala akuti lamanja mwina silifika kumapeto kwa chaka. Dzulo amandifunsa ngati pamzere woyamba munthu amaona bwino. Ndasunga mipando iwiri pamenepo. Winawo ndi wanu, ngati chitinicho mungabwere nacho nokha.

Ndine mlongo wanu,
Wamakani uja