Khutu Lako pa Kanema

San Jose, March 1984

Wokondedwa mlongo wanga Ismael,

Uli bwanji ku London kozizirako? Ife kuno tilipo. Amayi ndi mawondo aja basi, ndipo mlamu wako Beto, amene sunamuonepo, akungonenepa. Usadabwe kuti takupeza bwanji patapita zaka zonsezi uli zii. Chakuulula ndi khutu lako.

Lamulungu la mpira waukulu lija tinali tonse pa TV. Masewero ali mkati anaonetsa kanema wotsatsa kompyuta yatsopano: chinamtindi cha amuna ometa mpala, ali duu ngati akaidi. Amayi, amene mpira alibe nawo ntchito, anagwetsa mbale. Akuti uyo ndi mwana wanga, khutu lake ndi lija analumidwa ndi galu wa a Pacheco.

Beto anaseka, akuti mitu yonseyo ikungofanana ngati mazira. Amayi anamuuza kuti adzalankhule akadzabereka wake. Tinadikira kuti aubwereze kanemayo, koma mpira unatha osaubwereza.

Tsiku limene makinawo anafika m'masitolo, amayi anandikokera kwa a Nakamura, bambo ena ogulitsa makompyuta. Anthu ali pamzere kuti akhudzeko kabokosiko, iwo anangolunjika kutsogolo n'kuwauza bambowo kuti makina awo akhale nawo, iwo abwerera mwana. Ine manyazi anandigwira.

Koma bambowo sanaseke. Anali ndi tepi ya kanemayo. Anasiya ogula ali chiimire, naiyendetsa pang'onopang'ono mpaka anaiimitsa pa nkhope yako. Ismael, ndinalira pagulu. Waonda, koma uli moyo.

A Nakamura anaimba mafoni osatopa, kwa otsatsa malonda, kenako kwa amene anakulemba ganyu yoonekera m'kanemayo, mpaka keyala yako inapezeka. Sindidziwa kuti ndiwathokoze bwanji. Amayi akuwathokoza ndi mphika, moti akazi awo adandaula kuti bambo sakudyanso kunyumba.

Tsopano imva chifukwa chake ndikuti Mulungu ndi wabwino. Munda wa zipatso umene tinakuliramo uja unagulitsidwa, akuti pamangidwa fakitale. Nyumba zonse za antchito anagwetsa, inatsala yathu yokha, chifukwa amayi anakanitsitsa kutuluka. Madzi anatseka, iwo ali momwemo, akutunga kwa anthu ndi mawondo amenewo. Ndikawanyengerera kuti adzakhale kwathu, ankati nanga mwana wanga akabwera adzagogoda pati? Ndinkangoopa kuti tsiku lina adzawatulutsa ndi apolisi.

Tsiku limene keyala yako inafika, sindinawauze kanthu za kusamuka. Ndinangowapeza akumanga okha katundu, akung'ung'udza nyimbo ya kutchalitchi, akumukalipira Beto kuti wachedwa ndi galimoto.

Nkhondo imene unathawa kukamenya ija idatha kalekale, ndipo palibe akukusaka. Komabe amayi akuti sakukukakamiza kubwera. Angofuna udziwe khomo. Ine ndiye ndikukupempha: lemba, ngakhale mizere iwiri. Usawasiye akuyang'ana kunjira pakhomo lachilendo.

Ngati uli ndi mkazi ndi ana, uwapatse moni wathu, uwauze kuti kuno ali ndi abale. Ambuye akusunge ndi kukufunditsa m'chisanu chimenecho.

Keyala yatsopano ndalemba kuseri kwa pepalali. Amayi andiwerengetsa mokweza mpaka akhutira, akuti ukadzasochera mlandu ndi wanga.

Ndine mlongo wako,
Ofelia