Mbumba Yojambulidwa Pamchenga: Kulira Mayi Benedicta Chikhumbo

Kwa Bambo Bartholomew Chikhumbo, ana, abale onse a kubanja lofedwa, ndi anthu onse a m'boma la Nkhotakota,

Ife a Bungwe la Alangizi a Chisamaliro cha Anthu a M'mbali mwa Nyanja talandira ndi kudzidzimuka komanso chisoni chosaneneka uthenga wakuti mayi wathu, mphunzitsi wathu ndiponso mnzathu pantchito, Mayi Benedicta Chikhumbo, atisiya Lolemba m'mawa ku chipatala cha pa boma atadwala masiku asanu ndi limodzi okha. Mpaka lero ambiri a ife mitima ikukana, pakuti sabata ziwiri zapitazo tinawaona ali pa kabaza, chikwama chawo chothetheka chija chili pamiyendo, akumuuza wopalasa kuti afulumire.

Malemuwa anatumikira anthu zaka makumi atatu ndi chimodzi. Anayambira ku Dwangwa, pakati pa mabanja a odula nzimbe, ndipo atakwanitsa zaka makumi anayi anabwereranso m'kalasi kukatenga digiri, osachita manyazi kukhala benchi limodzi ndi ana amene akanatha kuwabereka. Atabwerako sanafune mpando wa mumzinda, koma anasankha kulandira ophunzira ochokera m'makoleji odzayeserera ntchito kuno kwathu, ndipo opitirira mazana awiri anadutsa m'manja mwawo. Lero ena mwa iwo ndi akuluakulu m'maofesi, koma mukawatchulira dzina la Mayi Chikhumbo amawongola msana ngati alowa pakhomo.

Mabuku ankawadziwa kuposa tonsefe, komabe wophunzira aliyense tsiku loyamba ankamulanda fomu ndi cholembera, n'kumupatsa kamtengo. Ankati akafika pakhomo pa mwana wofuna thandizo akhale pansi, ajambule mwanayo pamchenga ngati kamzere kozungulira, ajambulenso abale ake mmodzimmodzi, kenako afunse eni ake kuti, "Ndani amene ndamusiya?" Ine ndikuvomereza pamaso panu kuti ndinkakangana nawo pamisonkhano, chifukwa mafomu ankabwera mochedwa, ena opanda kanthu. Yankho lawo linali limodzi chaka ndi chaka: "A Kalilu, fomu yanuyi ili ndi mzere wa bambo ndi mzere wa mayi. Nanga malume tiwalemba pati? Kuno mwana ndi wa kuchikazi."

Loleni tikuuzeni zimene zachitika sabata ino, chifukwa mwina simunazimve muli pachisoni.

Wophunzira wawo womaliza ndi mtsikana wakhama dzina lake Talandira. Iye anapatsidwa nkhani ya Mariam, mwana wa zaka khumi ndi ziwiri wa ku Liwaladzi, amene mayi ake anamwalira m'dzinja, ndipo bambo ake, pokhala mkamwini, anabwerera kwawo n'kukakwatiranso. Mariam ankagona yekha m'nyumba ya malemu mayi ake, sukulu atasiya, akuyanika usipa wa eni ake pathandala. Talandira anapitako katatu Mayi Chikhumbo ali kumaphunziro ena, ndipo pofuna kuonetsa changu anatenga fomu m'malo mwa kamtengo. Anafunsa nambala ya bambowo, anawaimbira, iwo anati sangathe kumutenga. Choncho analemba lipoti lakuti mwanayo alibe womuyang'anira, apite ku nyumba ya ana amasiye kutali ndi mudzi wake. Lipotilo linkayenera kukafika ku khoti la ana Lachisanu, litasainidwa ndi mphunzitsi wake.

Loweruka analitengera ku chipatala. Mayi Chikhumbo analiwerenga mpweya uli wapatalipatali, kenako anafunsa kuti, "Wafunsa ndani?"

"Bambo ake, amayi. Katatu konse."

"Nanga malemu mayi akewo anachita kugwa kumwamba? Analibe mlongo?"

Talandira anavomera kuti sanafunse.

"Sindisaina. Safunsa anadya phula, mwanawe. Lachitatu ukasonkhanitse mbumba yonse. Fomu ukaisiye kuofesi."

"Ndidikire muchire, tipitire limodzi."

"Mwana sadikira kuti mphunzitsi achire. Upite ndithu."

Lolemba anatisiya. Lachiwiri Talandira anabwera kwa ine, maso ali otupa, lipoti lija lili m'manja, chifukwa panalibenso wina woti asaine koma ine. Cholembera ndinali nditachigwira kale, ndipo manyazi ake sadzandichoka. Iye mwini ndiye analikoka patebulo n'kunena kuti, "Ayi, bambo. Anati ndipite."

Dzulo Lachitatu anapita yekha. Anthu anasonkhana kuseri kwa nyumba ya malemu mayi a Mariam, ndipo iye anagwada pakati pawo, kamtengo kali m'manja. Anajambula Mariam, anajambula mayi ake n'kudula kamzereko pakati, anajambula bambo ake chapatali. Atatero anakweza mutu n'kufunsa funso lija: "Ndani amene ndamusiya?"

Kenako bambo wina amene ankasoka ukonde kumapeto kwa gulu anausiya n'kuimirira. Anali a Bakari, mlongo wa malemu mayi a mwanayo, mwinimbumba.

"Inu a sosholo mwabwera katatu," anatero mosakweza mawu, "ndipo katatu konse mwandidutsa ndili pakhonde panga, n'kumafunsa nambala ya mkamwini. Ine ndinati kapena pa malamulo a masiku ano malume alibenso mawu. Ndimaopa kuti ndikamutenga mwanayu mudzandimanga. Chakudya ndimachita kutumiza mobisa, ngati ndikuba mwana wa mlongo wanga."

Anatenga kamtengo kaja m'manja mwa Talandira. Anadzijambula okha, anajambula akazi awo, amayi aang'ono a mwanayo, asuweni, mpaka timizere tinakwana khumi ndi tisanu ndi tiwiri, tonse titazungulira mwana amene papepala pathu tinati alibe munthu. Dzuwa lisanapendeke Mariam anali atanyamula mkeka wake kupita kwa malume ake, ndipo Lolemba likudzali abwerera kusukulu. Lipoti latsopano ndalisaina lero m'mawa.

Ife amene takalamba pantchitoyi tikuchita mantha ndi ukulu wa zimenezi. Munthu anali atagona kale m'nyumba yachisoni, koma ntchito yake inali ili pamchenga ku Liwaladzi, ikubweza mwana kwa eni ake.

Talandira akutsanzika, a Bakari anamufunsa kuti, "Amene anakuphunzitsani zimenezi ali kuti? Ndikufuna ndikawathokoze." Iye anawayankha kuti amwalira dzana. Bambowo anapemphera motsitsa m'Chiarabu, anagwadanso, n'kujambula kamzere kena pafupi ndi ka Mariam. "Awanso ndi a mbumba ino," anatero. "Mawa tibwera kudzaika."

Bambo Chikhumbo, ana ndi abale nonse, m'malo mwa mamembala onse a bungwe lathu, ophunzira amene alipo ndi amene anamwazikana m'dziko muno, tikupepesa kuchokera pansi pa mtima. Munatibwereka mayi wanu zaka zonsezi, nthawi zambiri inu mukudya nokha iye ali m'midzi, ndipo sitinakuthokozeni mokwanira. Mulungu, amene Akhristu ndi Asilamu a m'bungwe lino tikumupempha pamodzi, akulimbitseni mitima m'masiku ovutawa, ndipo mzimu wa malemu uuse mumtendere.

Pempho lathu ndi limodzi. Lero kumanda mukaona anthu achilendo ochokera ku Liwaladzi, pakati pawo pali kamtsikana kofunda mpango kumutu, musawaike kumbuyo pamodzi ndi alendo. Muwapatse malo pa mkeka wa abale.

Abdulhamid Kalilu
Wapampando
Bungwe la Alangizi a Chisamaliro cha Anthu a M'mbali mwa Nyanja
Nkhotakota