Alendo kwa Anti Mwanajuma

Lolemba, 8 Febuluwale 2021

Atsala masiku khumi ndi anayi. Pa 22 masiku achisomo a viza yanga atha, ndipo ndikapanda kupeza wondilemba ntchito ndiye basi, Edinah akwera ndege kubwerera ku Chilomoni manja lende. Zaka zinayi ndikunyamula mathireyi mu hotela ku Business Bay kuno ku Dubai, korona anangobwera kamodzi n'kundipukuta ngati tebulo.

Lero ndinakaonana ndi Madamu Zahra. Ali ndi kakampani koyendetsa alendo wapansi mu Deira, kumene kwadzaza ife anthu akuda: amalonda a ku Nigeria, azimayi a ku Uganda, a ku Itiyopiya ndi khofi wawo, mashopu a kago otumiza katundu kwathu. Alendo amayenda maola atatu, kulawa zakudya, kumva mbiri. Madamuwo ndi mbadwa ya konkuno koma khungu lawo ndi langa lomweli. Akuti agogo a mayi awo anabwera pa chombo kuchokera ku Zanzibar, ndipo safuna kuti mbiri imeneyo ife. Loweruka andiyesa ndi alendo asanu ndi mmodzi. Ndikakhoza, viza.

Ndiye anandifunsa kuti malesitilanti a mumsewu aliyense akuwadziwa, nanga ine ndingaonetse chiyani chimene sichili pa intaneti? Pakamwa pangapa! Ndisanaganize n'komwe ndinali nditatchula kale khitchini ya Anti Mwanajuma, mayi a ku Machinga amene amaphikira Amalawi m'kachipinda kawo pansanjika yachitatu. Maso a Madamu anawala pamwamba pa masiki. “Khalas, basi, tikathera kumeneko.”

Anti sindinawafunse. Ndipo Madamu sindinawauze kuti Anti alibe layisensi, ndi kuti viza yawo inatha chaka chatha atawachotsa ntchito ya m'nyumba ku Al Warqa.

Lachiwiri, 9 Febuluwale

Ndayenda njira yonse kawiri, kuloweza. Kuyambira pamtsinje pomwe amapakira zombo, kenako khofi, kenako chapati chokulunga dzira cha mayi wa ku Uganda, kenako nyama yootcha ya anyamata a ku Kano. Mapazi atupa. Zaka za m'mbiri zikundisokonekera, ndazilemba pamkono ngati mwana wa sitandade 8.

Masana ndinakumana ndi Gilbert, mnzanga wa ku Chipata amene amalondera pa shopu ya mafoni ku Naif. Nditamufotokozera anangogwira m'chiuno.

“Iwe Edinah, uli bwino mu mutu? Ufuna kupeleka bazungu kuli ba Anti? Manje bakaika pa foni, uzakamba chani?”

Ndinamuyankha mwaukali kuti si azungu onse, ndipo asamandiphunzitse ntchito munthu wongoima pakhomo tsiku lonse. Anaseka, koma ine ndinachita manyazi chifukwa akunena zoona. Masiku ano oyendera malamulo a korona akulowa paliponse, kuwerenga anthu, kuyeza mipando. Munthu wopanda mapepala amapuma mobisa.

Lachitatu, 10 Febuluwale

Ndinapita kwa Anti ndili ndi chiyembekezo choti akana. Akanakana ndikanakauza Madamu kuti mayi aja adwala, nkhani n'kutha, ine wosalakwa.

Ndinawapeza akukazinga zitumbuwa, zenera lotseka kuti fungo lisatuluke, thukuta lili kamukamu. Kachipindako ndi kodula ndi matabwa, bedi mbali ino, mbaula ya gasi mbali iyo. Ndinazungulirazungulira mpaka anandidula.

“Mwanangu, lankhula. Ukupota ngati wabwera kudzafunsira mbeta.”

Ndinanena zonse, za viza yanga ndi za Loweruka. Anatembenuza zitumbuwa. Kenako akuti, “Mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka. Bwera nawo adye, azipita. Koma nkhope yanga, chitseko changa, ngakhale poto wanga, asajambule. Wamva? Ndili ndi ana atatu pasukulu ku Ntaja, akudya mafuta omwewa.”

Ndinalumbira. Anayamba kale kuwerenga zoti aphike: mpunga wa kilombero umene wina anawabweretsera m'sutikesi, nkhwani wotendera, usipa, chigumu, thobwa. Anali akumwetulira.

Lachinayi, 11 Febuluwale

Uthenga wa Madamu: mwa alendo a Loweruka muli Thelma, mayi wakuda wa ku Amerika amene amalemba za maulendo. Omutsatira pa intaneti alipo zikwi makumi asanu ndi atatu. Amuitana dala kuti kampani idziwike.

Chakudya chandikanika. Ndangomwa madzi.

Lachisanu, 12 Febuluwale

Kawiri konse ndinalemba uthenga wouza Madamu zoona, kawiri konse ndinafufuta. Akadziwa kuti ndimafuna kulowetsa alendo awo m'khitchini yopanda layisensi, ati ndine wosadalirika, ndipo atsala masiku khumi okha.

Nkhanga zinapangana kusanapse. Ndagula kadengu ku msika. Tikafika pansi pa nyumbayo ndinena kuti kwathu ndi mwambo: polowa m'nyumba ya mayi wamkulu kukadya, mlendo amasiya zonse za m'manja pakhomo. Mafoni onse m'dengu. Gilbert akuti mwambo umenewo sanaumvepo ku Chipata. Ndamuuza kuti ndi wa ku Chilomoni, unayamba lero.

Loweruka, 13 Febuluwale

Zatheka! Ndikulemba ndili mu sitima ya Metro.

Poyamba ndinayamba moipa. Ndinaiwala kupopera alendo sanitayiza, Madamu anachita kundikodola. Mawu anga ankatsakamira m'masiki, bambo wina wa ku Jeremani amangoti sakumva. Koma titafika pamtsinje ndinasiya zoloweza zija n'kungolankhula. Ndinawaonetsa zombo zamatabwa zikupakira mafiriji ndi matayala, n'kuwauza kuti zombo zonga zomwezi kale zinkapita kugombe la kwathu n'kubwerako ndi mitengo, zonunkhiritsa, ndiponso anthu, ena mwa kufuna kwawo, ena ogwidwa. Kuti ena mwa amuna amene ankamira pansi pa nyanja kufuna ngale anali akuda. Ndinanenanso zimene tinaphunzira ku pulayimale, za anthu otengedwa ku Nkhotakota, kuwolotsedwa nyanja, n'kuyenda wapansi mpaka ku Kilwa. Sindinaganizepo kuti njira imeneyo ina inkathera pano pomwe ndaima ine ndi viza yanga yakutha.

Thelma analira. Ndi mayi wamtali, wa imvi zometa bwino, woseka mokweza. Anandigwira dzanja, korona kapena ayi, n'kunditcha mchemwali wake. Ndinamukonda, ndisaname. Koma foni yake! Khofi wajambula, chapati wajambula, ngakhale mphaka wa pa shopu ya kago wajambula.

Pansi pa nyumba ya Anti ndinatulutsa dengu n'kunena bodza langa ndi nkhope ya m'tchalitchi. Madamu anandiyang'ana nthawi yaitali, koma anaponya foni yawo poyamba. Thelma anaika ziwiri, n'kunena kuti mwambo wokongola chotere dziko lonse likanautengera. Dengu ndinalikumbatira ngati mwana masitepe onse.

Anti anali atavala diresi lawo la pa Idi. Alendo anakhala pabedi, pa ndowa, ena pansi. Anawasambitsa m'manja mmodzimmodzi ndi jagi ndi beseni. Wa ku Jeremani uja anawonjezera nkhwani katatu. Thelma atalawa thobwa anatseka maso, akuti agogo ake ankapanga chakumwa cha chimanga chofanana nalo. Anafunsa dzina la Anti, kwawo, ana awo, ine ndikumasulira monyada, Anti akuyankha mwamanyazi atagwira pakamwa. Palibe chithunzi ngakhale chimodzi chimene chinajambulidwa.

Potsika Anti anandinong'oneza, “Alhamdulillah, mwanangu, lero ndaphikira anthu ngati munthu.”

Lamulungu, 14 Febuluwale

Madamu ayimba m'mawa. Ntchito ndi yanga! Lachitatu ndipite ndi pasipoti ku ofesi. Ndinakuwa mpaka mnzanga wa bedi lapamwamba, amene anagwira ntchito usiku, ananditukwana m'Chitagalogi, chilankhulo cha kwawo. Ndawaimbira amayi ku Chilomoni, analulutira pafoni.

Madzulo ano Madamu anditumizira zimene Thelma walemba, ndi timitima tambirimbiri. Ndawerenga nditaimirira, kenako ndinakhala pansi.

Chithunzi cha Anti palibe, wasunga mwambo. Koma walemba zonse ndi mawu. Kuti chakudya chokoma koposa mu Dubai sichili mu hotela, chili mu Deira, kuseri kwa shopu ya kago ya chikwangwani chobiriwira, ukwere masitepe mpaka nsanjika yachitatu, chitseko chachiwiri kumanzere, ufunse Anti Mwanajuma a ku Malawi. Kuti pitani mukawathandize mayi ameneyu.

Ine ndinkalondera mafoni. Sindinaganize kuti munthu amatha kuwerenga masitepe ndi mutu wake.

Lolemba, 15 Febuluwale

M'mawa ndinamulembera Thelma kumupempha kuti achotse. Anachotsa msanga, n'kupepesa kambirimbiri, akuti bwanji sindinamuuze? Funso labwino. Koma anthu anali atakopera kale, zikuyenda m'magulu.

Cha m'ma 2 koloko Gilbert anayimba.

“Edinah, bwela uone. Pa masitepe pa ba Anti pali bantu monga ni ku chipatala. Benangu bajambula na chitseko.”

Ndinathamanga. Ndinawerenga anthu khumi ndi anayi, ena masiki ali pachibwano, atsikana awiri akudzijambula pa chikwangwani chobiriwira chija. Mlonda wa nyumbayo akukalipa m'Chihindi, akuwathamangitsa, yalla yalla, tiyeni tiyeni. Ndinayesa kuwauza kuti alakwitsa nyumba, wina n'kundionetsa foni kuti ayi, palembedwa pano. Chitseko cha Anti chinali chotseka, mkati zii. Ndinagogoda n'kutchula dzina langa, osatsegula. Fungo la mafuta linkamveka, ndiye ndikudziwa kuti anali momwemo.

Ndikuopa. Ndikuopa kwambiri, ndipo ndadzida.

Lachiwiri, 16 Febuluwale

Ndayimba kasanu ndi kawiri. Foni ya Anti ndi yozima.

Lachitatu, 17 Febuluwale

Ndisanapite ku ofesi ndinadzera ku Deira. Chitseko chinali pululu. Bedi lilipo, matiresi ataimika kukhoma, mbaula kulibe, mapoto kulibe. Pakhoma patsala chizindikiro chakuda cha utsi basi. Mwini fulatiyo, amene amabwereketsa tizipindato, anali momwemo ndi tepi yoyezera. Akuti anawauza Lolemba lomwelo kuti achoke, iye sangalipire chindapusa chifukwa cha chigulu cha anthu pa masitepe nthawi ya korona ino, komanso oyendera akabwera afunsa mapepala a aliyense m'fulatimo. Kumene apita sakudziwa, ndipo sakufuna kudziwa.

Ndinakhala pa sitepe. Gilbert anabwera pa nthawi yake yopuma, sananene kuti ndinakuuza, anangondipatsa botolo la madzi. Akuti anawaona dzulo m'mawa akukweza zikwama ziwiri ndi poto wamkulu uja mu takisi ya ku Sharjah. Makasitomala awo onse ali kuno ku Deira: madalaivala, atsikana a m'masaluni, alonda. Ku Sharjah akaphikira ndani?

Ndili mu Metro uthenga wa mawu unalowa, nambala yachilendo. Ndaumvera kanayi, ndiulembe momwe uliri.

“Edinah mwanangu, ndine. Ndili kwa anthu, ndili bwino, usandifunefune, ukandifuna ubwera ndi ena kumbuyo. Sindinakutsegulire chifukwa ndikanalankhula zoipa, ndipo sindifuna. Ndinavomera ndekha. Ntchitoyo uigwire ndi manja awiri, wamva? Ukaitaya ndiye kuti ine ndasamukira chabe. Inshallah tidzaonana.”

Ndinalira m'masiki mpaka inanyowa, mayi wina wa Chifilipino anandipatsa yatsopano.

Ku ofesi Madamu anandilandira ndi tiyi ndi zipatso za madeti. Analandira pasipoti yanga, n'kuiika mu envelopu pamodzi ndi mafomu. Anali osangalala ngati mwana. Akuti chilembereni Thelma foni sikupuma, Loweruka likubwerali alembetsa anthu khumi ndi awiri, lotsatiralo ladzaza kale, tigawe magulu awiri chifukwa cha malamulo. Onse akufuna chinthu chimodzi.

“Ukawauze Anti akonzeke, habibti, wokondedwa wanga. Tiziwalipira bwino.”

Ndinayang'ana envelopu ija ili m'manja mwawo, sanaimate. Atsala masiku asanu. Bodza lina linali litafika kale pa lilime, loti Anti apita kumaliro, abwera mwezi wamawa.

Ndinaika kapu pansi n'kunena kuti, “Madamu, musanatumize mafomuwo, khalani pansi. Mwambo wa dengu uja kulibe kwathu.”

Anakhala pansi.